Mtedza wokutira shuga: ntchito ya poto ndi ntchito ya lichero

Mafumu athu amene mwakhala kutsogoloku, alangizi a zaulimi, amayi a m'magulu a banki m'khonde amene mwachokera ku Embangweni, ku Jenda, ku Champhira, ku Manyamula ndi kuno ku boma la Mzimba, abambo ndi achinyamata, monire mose. Ndiyankhula m'Chichewa, koma amene akhale ndi funso pamapeto afunse m'Chitumbuka momasuka.

Munandipempha kuti ndifotokoze kapangidwe ka mtedza wa almond wokutira shuga, uja ena munauonapo m'masitolo akuluakulu ku Mzuzu ndi ku Lilongwe, kapena mwana wanu anabwera nawo m'chikwama pochokera ku Johannesburg. Kapangidwe kake ndifotokoza ndithu, koma m'poto wathu mulowa mtedza womwewu wa m'munda. Mtengo wa almond umafuna dziko limene mvula imagwa nyengo yozizira, chilimwe n'kukhala chouma ndi chotentha, monga zilili ku Spain, ku Italy ndi ku California. Kwathu kuno mvula imabwera pamodzi ndi kutentha, ndiye mtengowu sungatipindulire. Pa almond 10 aliyense amene amakololedwa padziko lapansi, pafupifupi 8 amachokera ku California kokha. Akamafika pa shelefu ku Mzuzu amakhala atawoloka nyanja, atalipiridwa msonkho, ndiponso atagulidwa ndi madola amene dziko lathu likusowa. Munthu wa geni sangayambire pamenepo.

Musaganize kuti potero tikupanga chinthu chachiwiri, cha anthu osowa. Ku Sulmona, tauni ya ku Italy, kuli fakitale ya banja la Pelino imene yakhala ikukutira almond ndi shuga kuyambira 1783, ndipo pa ukwati wa kumeneko mlendo aliyense amapatsidwa njere 5. Amenewo ndi osalala, olimba, ndipo amatenga masiku angapo akuzungulira m'miphika yaikulu ya kufakitale, pakhomo sangatheke. Mtundu umene tiphunzire lero ndi wina, wa poto ndi mthiko. Ku France amauyika m'dzina la mkulu wa asilikali wotchedwa du Plessis-Praslin, amene anamwalira mu 1675, ndipo mbiri imati wophika wake ndiye anauyambitsa. Tauni ya Montargis, komweko ku France, ikuugulitsabe mpaka lero. Ku Germany amaukazinga pamisika ya Khirisimasi. Koma luso limeneli litafika kumaiko kumene almond kulibe, anthu anangotenga chimene anali nacho. Ku New Orleans anagwiritsa ntchito mtedza wa pecan. Ku Argentina ndi ku Uruguay, m'misewu nyengo yozizira, amagulitsa wa mtedza ngati wathu womwewu, ndipo palibe amene amauyesa wongobwerekera. Ndipotu mtedza wathuwu kwawo kwenikweni ndi komweko ku South America. Ku Africa unabwera ndi zombo za Apwitikizi. Amene muli ndi mitengo ya macadamia, poti m'boma lino yayamba kuchuluka, njira yake ndi yomweyi, kungoti macadamia ali ndi mafuta ambiri ndipo sachedwa kupserera.

Mtedza uti? Chalimbana, wa njere zikuluzikulu uja, ndiye amaoneka bwino m'paketi, ndipo ndi amene anatchukitsa dzina la Malawi kwa opanga maswiti ku Ulaya. CG7, amene anatulutsidwa mu 1990 kuchokera ku kafukufuku wa ku Chitedze, ali ndi ubwino uwiri pa ntchito imeneyi: njere zake zimakhala zofanana msinkhu, ndipo khungu lake lofiira limadaya shuga popanda kuthiramo kala wogula. Nsinjiro, uja amapirira kadukutu, ndi wabwinonso. Ang'onoang'ono ngati Kakoma amatheka, koma amanyamula shuga wambiri poyerekeza ndi njere yake, ndiye amatsekemera mopitirira. Chimene sindingalole n'kusakaniza mitundu m'poto mmodzi. Njere yaing'ono imapsa yaikulu isanafike, ndipo mudzapeza theka lapserera, theka lili laliwisi m'kati.

Tiyeni tsopano kumoto. Tengani makapu 2 a mtedza wosakazinga, wosachotsa khungu, kapu 1 ya shuga, kapu 1 ya madzi, ndi kamchere kotsina ndi zala ziwiri. Kapu yoyezera ikhale imodzi yomweyo. Ngati mtedza mwayamba mwaukazingako pang'ono, madzi akhale theka la kapu, chifukwa ntchito ina ya madziwo n'kupereka nthawi yoti njere ipse m'kati shuga asanaume. Khungu musalichotse: shuga amagwira pa khungu, ndipo njere yosalala imamutaya. Poto akhale wokhuthala pansi, wotakasuka kukamwa. Chiwaya chopyapyala cha tchipisi chimatentha malo amodzi n'kupsereza. Mthiko ukhale wautali, ndiponso usakhale uja munatakasira usipa dzulo, chifukwa shuga amakoka fungo. Pambali konzeranitu thireyi yachitsulo kapena chivundikiro chachikulu cha poto, chopakidwa timafuta pang'ono. Izi zikonzedwe moto usanayake, chifukwa nthawi yophula ikafika simudzakhala ndi mpata wofunafuna.

Thirani zonse pamodzi m'poto, moto ukhale wapakati. Poyamba palibe chochitika: madzi akuwira ndi timathovu ting'onoting'ono tothamanga, mtedza ukuyandama, madzi akufiirira. Takasani mwa apo ndi apo. Pakapita mphindi 10 kapena 15, malinga ndi moto wanu, mumva phokoso likusintha. Thovu limakula, limachedwa kuphulika, ndipo limalira mozama. Mukadutsitsa mthiko pansi pa poto, pamatsala kanjira kamene kamachedwa kutsekeka. Njere zina zimayamba kuthetheka. Kuyambira pamenepa mthiko usaimenso, ndipo foni ikalira ilire.

Kenaka pamachitika chinthu chimene chimaopsa aliyense wopanga koyamba. Manyuchi aja, amene anali onyezimira ndi onanda, amangoti mbuu mwadzidzidzi, n'kuuma, n'kusanduka ngati mchenga wa m'mbali mwa mtsinje wa South Rukuru mwezi wa October. Mtedza umaoneka wotuwa, wa zidutswa zoyera, ndipo mthiko umalemera. Apa ambiri amati zakanika, n'kuthiramo madzi ena. Musathire. Zikatero ndiye kuti zikuyenda bwino. Chepetsani moto, ngati muli pa mbaula, phulani makala ena kapena nyamulani poto pang'ono. Pitirizani kutakasa, mukukokera shuga wa pansi pamwamba pa mtedza. Posakhalitsa muona shuga wa pansi pa poto akuyamba kusungunuka kachiwiri, tsopano wofiirira, ndipo njere zikagubuduka m'menemo zimayamba kuwala. Pamene pafupifupi theka la njere likuwala, theka likadali ndi timiyala ta shuga, phulani. Mukadikira kuti zonse ziwale, mupeza mtanda umodzi wolimba wofuna hamala, ndiponso wowawa. Khuthulirani pa thireyi ija, mwazani ndi masupuni awiri zisanagwirane, ndipo zisiyeni zizizire mpaka m'kati. Mtedza wotentha umakhala wofewa. Kukhukhutika kumabwera ukazizira, ndiye musauweruze msanga.

N'chifukwa chiyani shuga amachita zimenezi? Ndikufuna mumvetse, chifukwa womvetsa amatha kukonza zikalakwika, pamene wongoloweza amataya poto yense. Madzi ozizira amasungunula shuga wolemera kawiri kuposa madziwo. Madzi owira amasungunula pafupifupi kasanu. Pamene poto akuwira, madzi akuthawa ngati nthunzi koma shuga sakupita kulikonse, ndiye imafika nthawi imene timadzi totsalato sitingathenso kumusunga. Shugayo amafuna pogwira kuti abwerere ku timiyala take, ndipo pogwira pake ndi khungu la mtedza ndi kugwedeza kwa mthiko. Zimenezi zimachitika manyuchi akafika cha m'madigiri 115 mpaka 120. Madzi akatheratu, kutentha kumakwera msanga, ndipo cha pa madigiri 160 shuga wouma amayamba kusungunuka yekha, kusintha mtundu ndi kutulutsa fungo lokoma lija. Akapitirira 180 amada n'kuwawa. Pakati pa kukoma ndi kuwawa pali mphindi imodzi kapena ziwiri basi.

Achinyamata amene mumaonera maphikidwe pa foni, dziwani kanthu kena ka kwathu kuno. Mzimba ali pamtunda, mamita opitirira 1,300 kuchokera pa nyanja yamchere, ndipo pamtunda madzi amawira msanga, cha pa madigiri 96, pamene ku Nsanje amafika pafupi ndi 100. Ndiye nambala za manyuchi zimene mumaziona pa intaneti muzichotserako madigiri 4. Komanso mtedza wosakazinga umachedwerapo kupsa kuno, n'chifukwa chake ndakupatsani kapu yathunthu ya madzi. Koma kunena zoona, choyezera kutentha si chofunika pa ntchitoyi. Khutu ndi mphuno zimakwana.

Shuga wathu wa bulauni wa ku Dwangwa ndi ku Nchalo amagwira ntchito bwino, ndipo amakoma kuposa woyera. Vuto lake n'lakuti ndi wofiirira kale, ndiye maso angakunamizeni kuti wapsa asanapse, kapena kuti akadali bwino atayamba kale kupserera. Muzidalira fungo. Ndimu musathiremo. Ndikudziwa ena anamva kuti ndimu amakometsa maswiti, ndipo n'zoona pa maswiti osalala, chifukwa asidi amaswa shuga kukhala mitundu iwiri imene siuma msanga. Koma ife tikufuna aume. Uchi umachitanso chimodzimodzi, ndipo mtedza wake umanata tsiku lotsatira. Jinja wosinja kapena sinamoni, theka la supuni yaing'ono, muthire pamene shuga wayamba kuuma. Mukathira koyambirira fungo limathawa ndi nthunzi. Kala wofiira amene ena amathira kuti akope ana, ine sindimuona phindu lake, makamaka wogula m'timapepala topanda dzina.

Mawu awiri pa za ngozi. Manyuchi otentha amaposa madzi owira, ndiponso amamatirira pakhungu. Mwana asakhale kumsana pamene mukutakasa, ndipo ena asamasewere pafupi ndi mbaula. Wina akapsa, ikani malowo m'madzi ozizira oyera kwa mphindi 20, osapaka mankhwala otsukira mano, dzira kapena mafuta, ndipo ngati bala ndi lalikulu pitani kuchipatala. Pa za nkhuni, poto mmodzi safuna moto wambiri. Zitsononkho ndi makoko a mtedza womwewo pa chitetezo mbaula zimakwana. Nkhalango ya Perekezi yaperekapo kale makala okwanira.

Nyengo yatikomera mtima pa chinthu chimodzi. Shuga wophika amayamwa chinyezi cha mumpweya, ndiye mtedza umene mwapanga mu January, mvula ili pakati, umatha kunata usiku umodzi wokha. Koma mtedza timakumba cha mu April ndi May, ndipo miyezi ya June, July ndi August kuno kumakhala kozizira ndi kouma. Imeneyi ndiyo nyengo ya geni imeneyi: mtedza ndi watsopano, mtengo wake uli pansi, mpweya ndi wouma, ndipo anthu pozizira amafuna chokhwasula. Mu August kuli mwambo wa Umthetho ku Hora, kumene kumasonkhana khamu la anthu. Pa Jenda mabasi a pa M1 amaima tsiku lonse, ndipo wapaulendo amene wagula tomato ndi anyezi pawindo amafunanso kanthu kotafuna panjira. Osunga asunge m'botolo lagalasi louma, lotseka bwino, pamalo opanda dzuwa. Motero umatha milungu iwiri kapena itatu. Musatseke ukadali wofunda, chifukwa thukuta lake limasungunula shuga. Za timapepala ta pulasitiki, kumbukirani kuti boma linaletsa mapulasitiki opyapyala osafika ma micron 60 mu 2015, ndipo khoti lalikulu la apilo linagwirizana ndi chiletsocho mu 2019. Amene mukufuna kulowetsa katundu wanu m'masitolo, njira yake imadzera ku Malawi Bureau of Standards, ndipo ndi bwino kupita monga gulu kusiyana ndi aliyense payekha. Pogulitsa, ana osakwana zaka 5 musawapatse njere zathunthu, amatsamwa nazo. Odwala matenda a shuga chakudyachi si chawo. Bungwe la WHO limalangiza kuti munthu wamkulu asapitirire pafupifupi magalamu 50 a shuga wothira patsiku, ndiye paketi ikhale yaing'ono.

Zonse ndanenazi mukhoza kuziphunzira masana amodzi. Chimene chandibweretsa kwenikweni ndi ichi chikubwerachi, ndipo ndikupempha amene mwayamba kusinza mudzuke.

Aliyense pano anatafunapo njere ya mtedza yowola. Mukudziwa zimene zimachitika: kuwawa kumadzaza m'kamwa, munthu n'kulavula nthawi yomweyo. Mtedza wokazinga wamba umadziulula wokha. Njere yakuda imaoneka, yofwota imaoneka, yowawa imalavulidwa. Koma njere yomweyo mukaikutira shuga wofiirira, diso silionanso kanthu, ndipo lilime limamva kutsekemera poyamba, munthu n'kumeza. Pa zakudya zonse za mtedza, ichi ndi chimodzi mwa zimene njere yoipa imabisalamo bwino kwambiri. Ndipo amene amagula kwambiri ndi ana a sukulu.

Chimene tikuopa ndi chuku. Pali nkhungu ina yokhala m'dothi, akatswiri amaitcha Aspergillus flavus, imene ikamera pa mtedza kapena chimanga imasiya poizoni wotchedwa aflatoxin. Dziko linamudziwa mu 1960, pamene nkhukundembo zoposa 100,000 zinafa ku England zitadya chakudya chokhala ndi mtedza wochokera ku Brazil. Mu 2004, kum'mawa kwa Kenya, anthu 125 anamwalira atadya chimanga chokhala ndi poizoni yemweyu wochuluka. Koma nthawi zambiri sapha msanga chotero. Amalowa pang'onopang'ono, chaka ndi chaka, n'kumawononga chiwindi. Ali m'gulu la zinthu zimene zinatsimikizika kuti zimayambitsa khansa ya chiwindi, ndipo ngoziyo imakula kwambiri mwa munthu amene ali kale ndi kachilombo ka hepatitis B. Ofufuza apezanso kuti ana amene ali ndi poizoniyu wambiri m'magazi amakonda kukhala opinimbira.

Akuluakulu muli pano mukukumbukira nthawi imene ADMARC inkagula Chalimbana n'kumatumiza ku Ulaya. Msika umenewo unatithawa, ndipo chimodzi mwa zifukwa zake ndi chuku chomwechi. Maiko a European Union salola mtedza wodya anthu kupitirira magawo 4 a aflatoxin pa magawo biliyoni imodzi. Muyeso wake ndi wochepa choncho chifukwa poizoniyu ndi wamphamvu choncho. Alimi a NASFAM ku Mchinji anakwanitsa kubwereranso pa msika wa ku Britain, ndipo anatero posintha kaumitsidwe, posankha njere ndi manja, ndi poyezetsa matumba asanatumize. Tsono funso limene limandivuta ine ndi ili: mtedza umene wakanidwa kuti usadyedwe ku London umathera kuti? Umatsala konkuno.

Ena akuti m'mitima mwawo, moto umapha zonse. Ayi. Moto umapha nkhunguyo, koma poizoni amene yasiya amapirira kutentha koposa kumene poto wanu angafike shuga asanapserere. Kukazinga kumachepetsako, koma sikuthetsa. Ndiponso ndisakunamizeni kuti njere iliyonse ya poizoni imawawa kapena imaoneka. Poizoniyo payekha alibe fungo kapena kakomedwe, ndipo njere ina yooneka bwino ikhoza kukhala naye. Chimene chimatithandiza n'chakuti sagawikana mofanana m'thumba. Amaunjikana mu njere zochepa, ndipo zambiri mwa izo ndi zija zili ndi chilema chooneka: mphwephwa, zosweka, zobooka ndi chiswe kapena tizilombo, zosintha mtundu, zomera kale, za ufa wobiriwira kapena wachikasu m'kati. Mukachotsa zimenezo mwachotsa gawo lalikulu la ngozi.

Ndiye ntchito ya lichero ichitike motere. Sankhani masana, panja, osati madzulo ndi tochi. Petani kaye kuti zinyalala ndi mphwephwa zipite. Kenaka thirani pang'onopang'ono, dzanja limodzi kapena awiri pa lichero, kuti njere iliyonse ioneke payokha, ndipo muzizitembenuza ndi chala. Iliyonse imene mwaikayikira, ichoke. Tengani njere zingapo zooneka bwino, muziswe pakati, muone m'kati: mukhale moyera mofanana, mopanda kadontho kofiirira kapena ufa. Mukapeza zingapo zodetsedwa m'kati, thumba lonselo si la geni imeneyi. Nunkhizani, fungo la chinyezi, la m'nyumba yotsekedwa nthawi yaitali, ndi chenjezo. Kusankha makapu 2 kukhoza kukutengerani nthawi yofanana ndi kuphika kwake, ndipo ndi mmene ziyenera kukhalira. Amene amayamba akazingako pang'ono ali ndi mwayi wina, chifukwa njere zodwala zimada msanga kuposa zinzake, ndiye asankhenso kachiwiri shuga asanalowe.

Koma chuku sichiyambira pa lichero, chimayambira kumunda. Mvula ikadula msanga mtedza usanakhwime, mbewu imafooka, makoko amang'aluka m'dothi lotentha, nkhungu n'kulowa. Kubzala ndi mvula yoyamba ndi kupanga mizere yotseka kuti madzi asathawe kumathandiza pa chifukwa chimenechi. Kuchedwa kukumba kumaonjezera vuto, ndipo khasu likatema makoko latsegula khomo. Poumitsa, mtedza usagone pa dothi. Amene simudziwa kaumitsidwe kabwino afunseni alangizi athu akusonyezeni. Mtedza wouma bwino umalira ukaugwedeza m'khoko mwake. Usungidwe ndi makoko omwe, m'matumba opuma, pa mitengo osati pansi, ndipo muzisenda wokhawo mukufuna sabata imeneyo.

Pali chizolowezi chimodzi chimene ndichitchule mosapsatira, ngakhale ndikudziwa kuti ena chiwakhudza. Kuwaza madzi pa mtedza kuti makoko afewe posenda. Ndikumvetsa chifukwa chake: zala zimapweteka, ndipo njere siziswekasweka. Enanso amatero kuti thumba lilemere pa sikelo ya venda, poti nayenso vendayo sikelo yake sitiikhulupirira. Koma mtedza umene unauma bwino, mukaunyowetsa n'kuutsekera m'thumba, mwaupatsa chuku zonse zimene chimafuna. Amene mukhale mukugula mtedza wosenda kale pamsika kuti mupangire geni imeneyi, dziwani kuti simukudziwa mbiri yake. Lumani njere imodzi: youma imathyoka ndi kaphokoso, yonyowetsedwa imapindika. Ndi bwino kugula wa makoko kwa mlimi amene mukumudziwa n'kusenda nokha, kapena kulima wanu. Apa ndi pamene inu a ku Mzimba muli ndi mwayi kuposa mayi wa geni wa mumzinda, amene mtedza wake wadutsa m'manja mwa anthu anayi asanauone.

Tsopano zosankhidwa zija, zimene zatsala m'mbale pambali pa lichero, zipite kuti? Tonse tikudziwa kumene zimapita masiku onse. Wabwino amapita kumsika, woipa amasinjidwa, n'kulowa m'ndiwo zotendera ndi m'phala la mwana. Mayi amachita zimenezi chifukwa chosafuna kuwononga chakudya, ndipo sindikumunyoza. Koma taganizani: njere zimene zinali zomwazikana m'thumba lonse, inu mwazitola imodziimodzi n'kuziika pamodzi. Mbale imeneyo ndiyo ili ndi poizoni wambiri kuposa china chilichonse m'nyumbamo, ndipo mukuipereka kwa munthu wamng'ono kwambiri pabanjapo. Kupatsa ziweto si njira yothawira. Nkhuku zimadwala nazo n'kuchepetsa mazira, ndipo ng'ombe ya mkaka ikadya, gawo la poizoniyo limatulukira mu mkaka. Zakuda, zaufa ndi zowola zikwiriridwe m'dzenje lakuya kapena zitenthedwe. Zosweka posenda lero lomwe, zoyera m'kati, zimenezo mukhoza kusinja tsiku lomwelo.

Zikatero pali chinthu chimodzi choti chilowe m'kope la gulu. Powerengera mtengo wa paketi, ambiri amalemba mtedza, shuga, nkhuni, mapaketi ndi thiransipoti, n'kuiwala ziwiri: nthawi ya amene anakhala pa lichero, ndi mtedza umene watayidwa. Ngati pa makapu 10 amene munagula mwataya kapu imodzi, mtengo wa makapu 10 onse ugawidwe pa 9 otsalawo. Mukapanda kutero, mlembi adzaona kuti phindu likuchepa, ndipo tsiku lina wina adzanena kuti tisamataye zambiri chonchi, shuga aphimba. Yesani kaye poto mmodzi, muwerenge mapaketi amene atuluka, mulembe zonse, ndipo mtengo muupeze kuchokera pamenepo, osati pa zimene akugulitsira mnzanu wa pafupi. Shuga wakhala akusowa ndi kukwera mtengo zaka zapitazi, ndiye masamu amenewa muziwabwereza nthawi iliyonse mwagula bale yatsopano.

A wapampando, ndaona manja awiri akwezedwa kumbuyoko. Tiyambe ndi amayi avala duku lobiriwirawo.